Dziko Limene Mawotchi Amasungunuka

Ana inu, lero tikupita kudziko limene mulibe pamapu a m'kalasi mwanu. Gwiranani manja, tilowe.

Taima pagombe la nyanja. Madzi ali bata, palibe funde ngakhale limodzi. Chapatali kudzanja lamanja kuli matanthwe owala chikasu, koma pamene taima ife pali chimthunzi chachikulu chakuda. Kulibe munthu, kulibe nyumba, kulibe bwato. Kuli zii.

Kudzanja lamanzere kuli chinthu chooneka ngati tebulo lalikulu, ndipo pamwamba pake pamera kamtengo ka azitona kouma, kopanda tsamba, ka nthambi imodzi yokha. Taonani panthambipo. Pali wotchi, ya mtundu uja abambo akale ankamangirira patcheni n'kuika m'thumba. Koma wotchiyi ili lende, yapindika pakati, yafeweratu. Ina yagona m'mphepete mwa tebulo lija, theka lake pamwamba, theka linalo likutsetserekera pansi, ndipo ntchentche yaterapo. Yachitatu yagona pamsana pa chinthu chodabwitsa chimene chili thasa pansi. Chinthucho chili ndi mphuno, diso lotsinzina ndi nsidze zazitalizitali, koma munthu si munthu, nyama si nyama. Wotchi yachinayi yokha ndiyo yolimba. Ndi yotseka, ya mtundu wa lalanje, koma nyerere zaiunjirira ngati kuti m'katimo muli chakudya.

Ndiye tandiuzani, nthawi ili bwanji kuno? Wotchi yopindika chonchi ndani angaikhulupirire?

Mwini wake wa dzikoli

Dziko limeneli ndi chithunzi chojambula ndi penti. Dzina lake ndi The Persistence of Memory, ndipo anachijambula ndi Salvador Dalí mu 1931, ali ndi zaka 27. Dalí anabadwa mu 1904 m'tauni ya Figueres, m'chigawo cha Catalonia ku Spain, ndipo anamwalirira komweko mu 1989. Anali munthu wokonda kudabwitsa anzake. Atakula ankasunga ndevu za kumlomo wakumwamba zazitali, zosongoka, zoloza kumwamba, moti ukaona chithunzi chake kamodzi sungamuiwale.

Anthu amene amangochiona m'mabuku amaganiza kuti ndi chithunzi chachikulu chodzaza khoma. Ayi ndithu. M'lifupi ndi masentimita 33, m'litali kupita m'mwamba masentimita 24, kungoposa pang'ono pepala la A4. Kuyambira 1934 chimasungidwa ku Museum of Modern Art mumzinda wa New York, ndipo alendo amachita kupanikizana kuti akaone kanthu kakang'ono kameneka.

Matanthwe achikasu aja si ongopeka. Ndi a ku Cap de Creus, m'mphepete mwa nyanja ya Mediterranean, pafupi ndi kamudzi ka asodzi ka Portlligat kumene Dalí anali ndi nyumba. Apa ndi pamene pagona luso la mkuluyu. Anajambula gombe lenileni, nyerere zenizeni ndi ntchentche yeniyeni mosamala kwambiri, chilichonse ndi chithunzithunzi chake, kuti maso anu akhulupirire. Maso atakhulupirira, m'pamene anaikapo chinthu chosatheka. Akanajambula zonse mopotoka, bwenzi tikungoseka n'kudutsa. Koma poti zina zonse zili m'malo mwake, wotchi yofewayo imakusowetsa mtendere.

Nanga nzeru imeneyi anaitenga kuti? Mwiniwake anafotokoza m'buku lonena za moyo wake limene linatuluka mu 1942. Tsiku lina madzulo mutu unkamupweteka. Gala, mayi wa ku Russia amene anadzakhala mkazi wake, anapita ndi anzawo kokaonera filimu, iye n'kutsala yekha. Pachakudya chamadzulo anali atadya tchizi wa ku France wotchedwa Camembert. Tchizi ameneyu ndi wofewa, ndipo akatenthedwa amayenderera monga amachitira majarini ukawaiwala padzuwa la mu Okutobala. Dalí anakhala patebulo n'kumangoganizira za kufewako. Asanakagone anapita kukasuzumira chithunzi chimene anali atachiyamba kale, cha gombe ndi kamtengo kouma, chimene ankaona kuti chikusowa kanthu. Ali pafupi kuzimitsa nyale, mawotchi ofewa anamubwerera m'maso. Anatenga burashi pompo, ndipo pamene Gala ankabwerako, ntchito inali itatha.

Dalí anali m'gulu la ojambula ndi alembi otchedwa Surrealists, limene André Breton analiyambitsa ku Paris mu 1924. Anthu amenewa ankati maloto si zinthu zotaya, ndi ofunika kuwajambula. Dalí anali ndi njira yake yogwirira maloto asanathawe. Ankakhala pampando atagwira kiyi wolemera pakati pa zala, pansi ataikapo mbale. Tulo tikangomuba, zala zinkamasuka, kiyi uja n'kugwera pambale, ngwee! Iye n'kudzidzimuka, zimene anayamba kulota zikadali m'maso. Mukafuna kuyesa, pemphani kaye mbale yachitsulo kwa amayi, osati yadothi ija amasungira alendo.

Nyerere zija nazo zili ndi mbiri. Dalí anasimba kuti ali mwana anapatsidwa mleme wovulala kuti azisunga, ndipo m'mawa mwake anaupeza nyerere zitaudzadza. Kuyambira pamenepo, nyerere m'zithunzi zake zimasonyeza chinthu chimene chikuwola. Choncho ngakhale wotchi yolimba ija sinapulumuke. Zinzake zikusungunuka, iyo ikudyedwa.

Maiko ena otere

Dalí sanali woyamba kulota dziko limene nthawi imasokonekera. Ana a ku Japan amakula akumva nthano ya msodzi wotchedwa Urashima Tarō. Iye anapulumutsa kamba wa m'nyanja amene ana ankamuzunza pagombe, ndipo pothokoza, kambayo anamubereka kupita naye kunyumba yachifumu ya pansi pa nyanja. Anakhalako masiku owerengeka akudyerera. Atalakalaka kwawo n'kubwerera, anapeza mudzi wasintha, makolo ake kulibe, ndipo palibe womudziwa. Kumtunda kunali kutapita zaka 300. Mwachisoni anatsegula kabokosi kamene anamuuza kuti asadzatsegule, utsi n'kutuluka, ndipo nthawi yomweyo anasanduka nkhalamba ya imvi mbuu.

Imeneyo ndi nthano, ndipo chithunzi cha Dalí ndi loto. Koma funso limene likutivuta ndi ili: kodi nthawi yeniyeni, iyi timayendera popita kusukulu, ingathe kufutukuka kapena kufupika?

Yankho lake ndi lakuti inde. Khalani bwino, chifukwa apa m'pofunika kumvetsera.

Wotchi ya magalasi awiri

Kwa zaka zambiri anthu ophunzira ankakhulupirira kuti nthawi ndi imodzi paliponse: sekondi ya kuno ndi yofanana ndi sekondi ya kumwezi kapena ya kunyenyezi. Mu 1905 Albert Einstein, mnyamata wa zaka 26 amene ankagwira ntchito mu ofesi ya boma mumzinda wa Bern ku Switzerland, anasonyeza kuti si choncho.

Iye anayambira pa kuwala. Kuwala kumathamanga makilomita pafupifupi 300,000 pa sekondi imodzi, ndipo chodabwitsa n'chakuti aliyense woyeza liwiro lake amapeza nambala yomweyo, kaya waima kaya akuthamanga. Kuwala sikuwonjezera liwiro chifukwa choti tochi yake ili m'galimoto yothamanga.

Tsopano tipange wotchi ya m'maganizo. Tengani magalasi awiri odziyang'anira, limodzi pansi, lina pamwamba, moyang'anizana. Pakati pawo kadontho ka kuwala kazidumpha, kukwera, kutsika, kukwera, kutsika. Kakagunda galasi, wotchi yathu iziti "tiki". Ikani wotchiyi m'sitima yothamanga kwambiri, mnzanu akwere nayo, inu muime pambali pa njanji.

Mnzanu m'sitimamo akuona kuwala kukungokwera ndi kutsika mowongoka, palibe chachilendo. Koma inu muli panja mukuona zina. Pamene kuwala kukuchoka pagalasi lapansi, galasi lapamwamba lasuntha kale kupita kutsogolo pamodzi ndi sitima, choncho kuwalako kukuyenda mopendekeka kuti kulipeze. Njira yopendekeka ndi yaitali kuposa yowongoka. Ndipo kumbukirani, kuwala sikungawonjezere liwiro kuti kufike msanga. Njira ikatalika liwiro lili lomwelo, ulendo umatenga nthawi yaitali. Ndiye kuti kwa inu, "tiki" wa m'sitima akuchedwa. Si wotchi yokha imene ikuchedwa. Mtima wa mnzanu, kuphethira kwake, kukula kwa zikhadabo zake, zonse zikuyenda pang'onopang'ono poyerekeza ndi zanu, iye osamva kusintha kulikonse.

Patapita zaka 10, mu 1915, Einstein anawonjezera lamulo lachiwiri. Chinthu cholemera kwambiri, monga dziko lathuli kapena dzuwa, chimachedwetsa nthawi pafupi nacho. Wotchi imene ili m'chigwa, pamene mphamvu yokoka ya dziko ndi yaikulu, imatsalira. Imene ili paphiri imatsogola.

Mawotchi akwera ndege

Kunena n'kosavuta, koma asayansi safuna za m'maluwa. Mu Okutobala 1971 anthu awiri a ku America, Joseph Hafele ndi Richard Keating, anatenga mawotchi anayi a atomu, amene salakwitsa nthawi mwachisawawa, n'kukwera nawo ndege wamba zonyamula anthu. Mawotchiwo anali mabokosi akuluakulu, moti anachita kuwagulira matikiti ndi kuwakhazika pamipando. Anazungulira nawo dziko lonse kawiri, ulendo woyamba kulowera kum'mawa, wachiwiri kumadzulo. Atabwerera anawayerekeza ndi mawotchi amene anatsala ku Washington.

Sanagwirizane. Kuti mumvetse kusiyana kwake, tengani sekondi imodzi muigawe m'tizigawo biliyoni imodzi. Paulendo wa kum'mawa mawotchi a m'ndege anatsalira ndi tizigawo 59. Paulendo wa kumadzulo anatsogola ndi tizigawo 273. Chifukwa chake n'chakuti dziko limazungulira kulowera kum'mawa. Ndege yopita kum'mawa imawonjezera liwiro lake pa la dziko, pamene yopita kumadzulo imachotserako. Manambalawa anali pafupi kwambiri ndi amene masamu a Einstein ananeneratu.

Mwina mukuti, "Aa, tizigawo tochepa chonchi tili ndi ntchito yanji?" Funsani foni ya achimwene anu. Foni ikamasonyeza pamapu pamene mwaima, imakhala ikumvera masetilaiti a GPS amene akuzungulira dziko pamtunda wa makilomita pafupifupi 20,000. Setilaiti iliyonse ili ndi wotchi ya atomu, ndipo imaulutsa nthawi yake kosalekeza. Foni imaona kuti uthengawo watenga nthawi yaitali bwanji kuti ufike, n'kudziwa kutalika kwa setilaitiyo. Ikamva masetilaiti anayi, yadziwa pamene ili.

Malamulo onse awiri a Einstein amagwira ntchito kumwambako, ndipo amakokerana. Gawani sekondi m'tizigawo miliyoni imodzi. Chifukwa cha kuthamanga, wotchi ya setilaiti imatsalira ndi tizigawo 7 patsiku. Chifukwa chokhala kutali ndi dziko, imatsogola ndi tizigawo 45. Chotsani 7 pa 45, mupeza 38. Akatswiri amakonzeratu mawotchiwo kuti kusiyanaku kusasokoneze. Akanapanda kutero, mapu a m'foni bwenzi akuphonya ndi makilomita pafupifupi 10 tsiku lililonse, ndipo pakutha pa sabata foni bwenzi ikukuikani m'boma lina.

Sitifunikanso kupita kumwamba kwenikweni. Nsonga ya Sapitwa paphiri la Mulanje ili pamtunda wa mamita 3,002. Munthu atakhala pamenepo zaka 100, m'bale wake ali kuchigwa ku Nsanje, wa paphiriyo angakalambe kuposa mnzakeyo ndi kagawo kamodzi mwa tizigawo 1,000 ta sekondi. Mu 2010 asayansi a ku America anakweza wotchi imodzi ndi masentimita 33 okha pamwamba pa inzake, ndipo anaona kuti yapamwambayo ikufulumirako. Ndiye kuti mukaimirira, mutu wanu umakalamba msanga kuposa mapazi. Musade nkhawa, kusiyanako n'kochepetsetsa moti simudzakuona pagalasi.

Palinso mapasa awiri a ku America, Mark ndi Scott Kelly, amene onse anali oyenda m'mlengalenga. Mark ndiye anayamba kubadwa, ndi mphindi 6. Kuyambira mu Malichi 2015 Scott anakhala masiku 340 mu International Space Station, chombo chozungulira dziko chimene chimathamanga makilomita pafupifupi 28,000 pa ola. Pobwera, mpata wa msinkhu pakati pa iye ndi mkulu wake unali utakula pang'ono, osakwana ngakhale kagawo kamodzi mwa tizigawo 100 ta sekondi.

Kuti nthawi ipindike kwenikweni mpaka munthu aone ndi maso, pamafunika chinthu cholemera koopsa, monga chimene asayansi amachitcha black hole, chimene ngakhale kuwala kukalowamo sikutuluka. Filimu ya Interstellar ya mu 2014 inapeka dziko lozungulira pafupi ndi chinthu chotere. Dzikolo ndi madzi okhaokha ofika m'mawondo, koma kumabwera mafunde aatali ngati mapiri. Ola limodzi kumeneko ndi zaka 7 kuno. Oyenda m'mlengalenga amene anatsikirako anachedwa maola ochepa chabe, koma pobwerera kuchombo chawo anapeza mnzawo amene anatsala atawadikira zaka 23. Dzikolo ndi lopeka, koma masamu ake anawaunika ndi wasayansi weniweni, Kip Thorne, amene anadzalandira mphoto ya Nobel mu 2017. Mwaona? Nthano ya msodzi wa ku Japan uja yabweranso itavala zovala za sayansi.

Chifukwa cha zonsezi, anthu ambiri ankaganiza kuti Dalí anajambula nzeru za Einstein. Atamufunsa, iye anakana, n'kunena kuti nkhani yonse ndi tchizi basi. Ine ndimamukhulupirira theka. Dalí ankakonda kuwerenga za sayansi, komanso ankakonda kuseka anthu omufunsa mafunso akuluakulu. Patapita zaka zoposa 20 anajambulanso dziko lomwe lija, ndipo anamaliza mu 1954, mabomba a atomu ataphulika kale ku Japan mu 1945. M'chithunzi chachiwirichi madzi asefukira n'kumiza gombe, tebulo lija lagawika m'tinjerwa toyandama tosakhudzana, mawotchi ayamba kunyenyeka, ndipo pali nsomba. Chimenechi chili ku St. Petersburg, m'chigawo cha Florida ku America.

Wotchi ya m'mutu mwanu

Pali malo amodzi pamene nthawi imasungunuka tsiku lililonse popanda ndege kapena setilaiti, ndipo malowo ndi m'mutu mwanu. Mukudziwa kale. Mphindi 40 za phunziro limene simulikonda, mimba ikulira, sizitha. Koma mukayamba mpira kapena fulaye, mumangodzidzimuka dzuwa lalowa, amayi akuitana.

Munthu wina wa ku France, Michel Siffre, anafuna kudziwa kuti mutu ungasochere kufika pati. Mu Julayi 1962, ali ndi zaka 23, analowa yekha m'phanga lakuya la Scarasson, m'mapiri a Alps, pansi pa nthaka mamita oposa 100. Munali mdima ndi madzi oundana. Sanatenge wotchi kapena kalendala. Anali ndi tenti, chakudya, mabuku, kanyale ndi foni ya waya yofika kukhomo la phanga. Akadzuka, akamadya ndiponso akamagona, ankaimbira anzake a kunja, iwo n'kulemba nthawi, koma osamuuza.

Iye ankawerenga masiku m'kope mwake. Pa 14 Seputembala anzake anamuuza kuti miyezi iwiri yakwana. Siffre anadabwa kwambiri, chifukwa m'kope mwake munali pa 20 Ogasiti. Masiku 25 anali atamusowa osadziwa kumene alowera. Chosangalatsa n'chakuti thupi lake silinasochere. Zolemba za anzake zinasonyeza kuti kuchokera podzuka kufika podzukanso pankapita maola pafupifupi 24 ndi theka. Thupi linkasunga nthawi bwinobwino, maganizo okha ndiwo anasokonezeka. M'phanga mulibe m'mawa kapena madzulo, tsiku lililonse n'lofanana ndi linzake, choncho mutu unalibe poika chizindikiro.

Nthawi iliyonse akaimba foni, Siffre ankawerenga kuchokera pa 1 mpaka 120, nambala imodzi pa sekondi imodzi monga mmene iye ankamvera. Zimenezi zimayenera kutenga mphindi ziwiri. Iye zinafika pomutengera mphindi 5.

Izi mukhoza kuyesa nokha, popanda phanga. Pezani mnzanu ndi wotchi kapena foni yowerenga masekondi. Tsinzinani, mnzanuyo anene kuti "yamba", ndipo inu mukaona kuti mphindi imodzi yakwana, kwezani dzanja. Osawerenga manambala chamumtima, kumeneko n'kubera. Mnzanu alembe masekondi enieni amene apita. Kenako thamangani kuzungulira nyumba katatu, muyesenso mukadali wefuwefu. Yesaninso usiku muli ndi tulo, ndiponso nyimbo imene mumaikonda ikulira pawailesi. Mukatha sinthanani. Ngati agogo alipo, apempheni mwaulemu kuti nawonso ayese, ndipo mulembe manambala awo pambali pa anu.